Abusa a ku America ndi a kwathu: mphamvu zawo zimachokera kuti?

Mwezi wa Januwale umatipatsa ife okhala kuno ku America masiku awiri oyandikana. Pa 15 inu kumudzi mumakumbukira John Chilembwe. Lolemba lachitatu la mwezi womwewo, kuno maofesi a boma ndi mabanki amatsekedwa pokumbukira Martin Luther King Jr., yemwe anabadwa pa 15 Januwale pomwepo mu 1929. Onse awiri anali abusa a Baptist, ndipo onse anafa ndi chipolopolo asanamere imvi.

Ubale wawo ndi wakuya kuposa tsikuli. Chilembwe anabwera kuno mu 1897 ndi Joseph Booth, nakaphunzira ku Virginia Theological Seminary and College mumzinda wa Lynchburg, sukulu ya anthu akuda. Atabwerera mu 1900 kukayambitsa mishoni ya PIM ku Mbombwe m'boma la Chiradzulu, thandizo linkachokera ku National Baptist Convention, kutanthauza zopereka za anthu amene makolo awo, kapena iwo eni, anabadwira muukapolo. Anatumizanso Landon Cheek ndi mayi Emma Delaney kukamuthandiza. Sukulu yomwe ija ya ku Lynchburg inadzatsogoleredwa ndi Vernon Johns, mbusa wosaopa munthu, amene anaweta mpingo wa Dexter Avenue ku Montgomery, King asanautenge mu 1954. Choncho tikamakamba za abusa a ku America sitikukamba za anthu achilendo kwenikweni.

Chimene ndaphunzira chikhalireni kuno ku Atlanta n'chakuti abusa amene anasintha dziko lino sanali amphamvu paokha. Anali ndi mpingo kumbuyo kwawo, ndipo mpingowo unali ndi pakamwa.

Taonani Richard Allen. Anabadwa kapolo mu 1760, nadziwombola yekha ndi ndalama za thukuta lake. Azungu a tchalitchi cha St. George's ku Philadelphia atayamba kusankha malo okhala anthu akuda, mpaka kuwadzutsa ali chogwada, Allen sanatuluke yekha. Anatuluka gulu, nasonkha ndalama, natsegula tchalitchi cha Bethel mu 1794. Mu 1816 mipingo ingapo inagwirizana kupanga African Methodist Episcopal Church, n'kumusankha kukhala bishopu woyamba. Mpingo womwewo wa AME ndi umene unathandiza Kamuzu kubwera kudzaphunzira ku Wilberforce.

Nkhani ya Montgomery ndiyo imandigwira mtima. Rosa Parks atamangidwa pa 1 Disembala 1955, King anali ndi zaka 26 zokha, mlendo mumzindamo. Amene anayambitsa moto anali amayi: Jo Ann Robinson ndi anzake anachezera usiku wonse kusindikiza timapepala touza anthu kuti asakwere basi. Anthu ananyanyala mabasi masiku 381. Ndiye tangoganizani, mayi wogwira ntchito m'nyumba ya mzungu kutali ndi kwawo ankafika bwanji kuntchito chaka chathunthu? Eni magalimoto anapereka magalimoto awo, mipingo inagula ena, panali anthu olemba ndani anyamula yani, pati, nthawi yanji. Mayi wina wophika, Georgia Gilmore, anasonkhanitsa anzake kumagulitsa chakudya, ndalama zake n'kumakapereka pamisonkhano ya usiku m'matchalitchi kuti agulire petulo. Ndikamawerenga zimenezi ndimaona amayi athu a Mvano ndi a Chigwirizano, amene pamaliro amafika oyamba n'kuchoka omaliza. King ankalankhula, inde, ndipo Mulungu anamupatsa lilime. Koma amene anayenda pansi ndi amayiwo.

Musaganize kuti onse ankamuombera King m'manja. Kalata yake ya m'ndende ya Birmingham mu Epulo 1963 inali yoyankha atsogoleri a chipembedzo asanu ndi atatu amene ankati akufulumira. National Baptist Convention yomwe ija inathandiza Chilembwe, pansi pa Joseph H. Jackson, inakana njira ya King, mpaka iye ndi anzake anatulukamo mu 1961. Ndipo mbiri ya guwa la kuno ili ndi zonyansa zake. Mpingo wa Southern Baptist unabadwa mu 1845 pofuna kuteteza eni akapolo, ndipo unadzapepesa mu 1995, patapita zaka 150. Billy Graham, amene ambiri kwathu amamulemekeza, anayandikira kwambiri Pulezidenti Nixon, ndipo matepi atatuluka mu 2002 anamveka akunena zoipa za Ayuda. Anapepesa poyera ali nkhalamba.

Tsono pa kachitidwe ka tsiku ndi tsiku. Mpingo umene ndimapemphera uli ndi msonkhano wapachaka, pamene aliyense amalandira pepala la ndalama: zolowa, zotuluka, ngakhale malipiro a abusa. Gogo wa ndodo amaimirira n'kufunsa kuti ndalama za denga zatha bwanji, abusa n'kuyankha mwaulemu, popanda wonena kuti gogoyo ali ndi ziwanda. Abusa akapuma, komiti imafunafuna wina, ofuna ntchitoyo amabwera kudzalalikira, amafunsidwa mafunso, kenako mpingo umavota. Graham yemweyo mu 1948 anapangana ndi anzake kuti asamadalire chopereka cha pamsonkhano komanso kuti ndalama zizisamalidwa poyera, ndipo n'chifukwa chake anafika zaka 99 popanda mlandu wa ndalama.

Kwathu zimenezi si zachilendo. Ku CCAP akulu a mpingo ndi sesheni ali ndi mphamvu, ku Katolika kuli makhonsolo ndi miphakati. Chimene chikundidetsa nkhawa ndi mautumiki atsopano amene tchalitchi, malo, galimoto ndi akaunti zonse zili m'dzina la munthu mmodzi ndi mkazi wake. Ukafunsa, amakuopseza ndi vesi la odzozedwa. Mayi wogulitsa tomato akubzala mbewu ya ndalama, mwana wake atabwezedwa kusukulu chifukwa cha fizi. Koma tinene zoona: katundu ameneyunso anachokera kuno. Ulaliki wa chuma unakulira pa wailesi za kanema za ku America, ndipo kuno unaonetsa kale zipatso zake. Jim Bakker anamangidwa mu 1989 chifukwa chobera omutsatira. America inatitumizira zonse ziwiri, Emma Delaney ndi mlaliki wa ndege yakeyake. Ife tikuoneka kuti tikukondetsa wachiwiriyu.

Pali chimodzi chimene ife timawaposa, ndipo ndimachinena monyadira. Kuno tchalitchi chinagawikana motsata khungu ndi chipani. Kuchokera pamene Jerry Falwell anayambitsa Moral Majority mu 1979, ukangomva dzina la mpingo umatha kulota kumene anthu ake amavotera. Ife, kalata ya mabishopu a Katolika itawerengedwa pa 8 Malichi 1992, Akibishopu James Chiona ndi anzake ataopsezedwa, John Roche atathamangitsidwa m'dziko, mipingo ina sinawasiye okha. Chaka chomwecho kunabadwa bungwe la PAC, Akatolika, a CCAP, Aangilikani ndi Asilamu atakhala pa tebulo limodzi, ndipo pa 14 Juni 1993 tinavotera zipani zambiri. Anzanga a kuno ndikawauza kuti shehe ndi wansembe analankhula ndi mawu amodzi pamaso pa boma, amadabwa kwambiri.

Komabe iwo amasunga mbiri, ife timataya. Pa Auburn Avenue pali nyumba imene King anabadwira, tchalitchi chakale cha Ebenezer ndi manda ake, ndipo ana a sukulu amabwera m'mabasi. Makalata ake, maulaliki, ngakhale zofooka zake, zinalembedwa ndipo aliyense akhoza kuziwerenga. Dzina la Georgia Gilmore likudziwika lero chifukwa wina anapita kukamufunsa akadali moyo. Za Chilembwe, buku limene tonse timadalira, Independent African, analemba George Shepperson ndi Thomas Price mu 1958, ndipo mayina ambiri a anthu wamba a ku Mbombwe anapita ndi eni ake.

A 1992 aja akadalipo, koma akukalamba. Ansembe amene anawerenga kalata ija mawondo akunjenjemera, akatekisiti amene anaibisa m'denga, ophunzira a ku Chancellor College amene anaguba ku Zomba. Ngati bambo anu, azakhali anu kapena agogo anu anali m'tchalitchi Lamulungu limene lija, tengani foni, mukakhale nawo pakhonde, muwajambule akufotokoza okha. Muwafunse amene anabweretsa kalatayo, amene anaiwerenga, ndi zimene zinachitika mawa lake.