Mwana wa Mfumu Wokolopa Pansi

Chisakasa chija cha mphasa ndi malata akale, chimene chinkaima pambali pa msewu wochokera ku Salima kupita ku Senga Bay, kumene ife ana a midzi yoyandikana ndi Kuti tinkathamangirako dzuwa likapendeka, lero chidaphwasulidwa, ndipo pamalopo pali kagolosale kotchajitsa mafoni.

M'zaka zotsatira 1994, pamene zipani zidachuluka ndipo zambiri zimene kale zinkaletsedwa zidayamba kulowa m'dziko, mwini chisakasacho adabwera ndi deki, jenereta ndi matepi, nayamba kutolera matambala pakhomo. Mafilimu a karate ndiwo ankadzaza mabenchi, koma imene idakhazikika mumtima mwanga ndi Coming to America ya 1988, m'mene Eddie Murphy ndi Akeem, mwana wa mfumu ya ku Zamunda, amene pokana mkazi womusankhira makolo adapita ku Queens mumzinda wa New York, nabisa ufumu wake, nagwira ntchito yokolopa m'nyumba yodyera ya atate wa Lisa, namwali amene adamkonda.

Chingerezi chawo chothamanga chija ambiri sitinkachimva. Padali mnyamata wina wa ku sekondale amene ankakhala kutsogolo natimasulira, ndipo pamene mawu amthawa, khamu lonse linkamthandiza, aliyense monga adaonera. Potero nkhaniyo inkasanduka mlandu wa pabwalo. Asodzi obwera kunyanja ankaseka mpaka misozi poona atate wa Lisa akunyoza mkamwini wosauka, kenaka nkumugwadira atamva za chuma chake. Amayi ankamvera chisoni namwali wosiyidwa kwawo uja. Koma mkulu wina, amene tinkawatcha agogo ngakhale sadali a mtundu wathu, sankakhutira konse: mwamuna wa ulemu, ankatero iwo, angafunsire bwanji mbeta wopanda ankhoswe, wosatchula ngakhale mfunda wake? Wina ankawayankha kuti mwana wa ng'ona sakulira dziwe limodzi, ndi kuti Yosefe yemwe adadzibisa kwa abale ake ku Aigupto kuti ayese mitima yawo. Ndipo mtsutsowo tinkapita nawo kwathu mumdima, kufikira galu wa m'mudzi atatilandira.

Sindikana kuti za lero zili ndi ubwino wake. Mafilimu akumasuliridwa m'Chichewa ndi anyamata aluso, ndipo Amalawi akujambula awoawo, monga Shemu Joyah amene mu The Last Fishing Boat ya 2012 adaonetsa kukumana kwa asodzi a nyanja yathu ino ndi azungu odzacheza. Koma adzukulu anga amaonera aliyense pafoni yake, makutu atatseka ndi timawaya, ndipo wina akaseka, mnzake sadziwa chomwe chamseketsa. Zithunzi zawo nzowala kuposa za tepi yathu yotha ija, komatu ife tidaonera bwino kuposa iwo, chifukwa tidaonera pamodzi.