Kuseketsa anthu kumayambira kukhutu

Ntchito yanga ndi kulemba masewero anthabwala ndi kuwachita pa kanema. Ambiri amayesa kuti chofunika ndi pakamwa pakuthwa, koma chida changa chachikulu ndi khutu. Ndikafuna sewero latsopano ndimakwera minibasi ku Lilongwe, kudutsa pa Mponela, ulendo wa kwathu ku Ntchisi. Pachigayo, pamjigo ndi m'chigafa momwe amayi akusoka fodya, ine khutu lili tcheru. Tsiku lina mayi wina adati: "Abambo akwathu akangogulitsa mabelo ku Kanengo amaiwala njira ya kumudzi, amadzaikumbukira mvula yoyamba ikagwa." Mawu otere sungawapeke utakhala pa tebulo. Ndimawalemba m'kope momwe atulukira, kenaka ndimawapezera mwini wake, vuto lake ndi munthu woti akangane naye.

Tidakula tikumvera Sewero la Sabata Ino pa MBC, tikuthyoka nthiti ndi Izeki ndi Jakobo, malemu John Nyanga ndi Eric Mabedi. Kwa iwowa ndidaphunzira kudikira. Pasiteji, wina akaponya mawu, mnzake ankayamba wamuyang'ana kaye, anthu n'kuyamba kuseka yankho lisanabwere. Television Malawi itatsegulidwa mu 1999, Tikuferanji ya Michael Usi idaonetsa kuti nkhani yolemera ngati ya Edzi ikhoza kulowa m'nyumba anthu akufa ndi phwete.

Pasiteji anthu amakuuza okha pomwe pakoma. Pa kamera palibe wokusekera. Wojambula ali duu, wogwira maiki akudandaula za tambala amene akulira kuseri kwa nkhokwe, ndipo mawu omwewo uwabwereza chifukwa mtambo waphimba dzuwa. Choncho polemba ndimasiyiratu mpata wopumira pomwe ndikudziwa kuti woonera adzaseka. Kamera imafunanso zochepa: kukweza nsidze, kapena kumangitsa chitenje pang'onopang'ono osayankha kanthu, kumaposa kukuwa.

Chimene ndimalimbikira kwambiri ndi mbali za amayi. Nthawi zambiri mkazi amapatsidwa kulalata basi, nthabwala zonse n'kupita kwa mwamuna. Komatu pa chinkhoswe kwathu oseketsa ndi azakhali ndi anamkungwi. Gertrude Kamkwatira, yemwe adatisiya mu 2006, ankalemba yekha masewero ndi kutsogolera gulu la Wanna Do. Joyce Mhango Chavula adapata mphoto ku Nigeria mu 2016 ndi filimu yake yotchedwa Lilongwe. Njira adatilambulira kale, kwatsala n'kuti tiyendemo ambiri.

Lamulo langa ndi limodzi: sindiseka wolumala, wamasiye kapena wosauka. Ndimaseka venda wa sikelo yobera alimi a soya, mkamwini waulesi, bwana wokonda ziphuphu. Sewero ndisanalijambule ndimayamba ndaliwerengera amayi akumudzi. Akangoti "chabwino", ndimakalembanso. Akayamba kutchula mayina a anthu amene akuwaona m'seweromo, ndimaitana wojambula.