Munanyamuka Angati, Mwafika Angati?

Anzanga acinyamata, ine ndinakulira kufupi ndi Chipata, kumene njinga imanyamula cimanga, makala ndi odwala omwe. Koma sindinaganizepo kuti mpikisano wa njinga wa akazi, wocitikira kutali ku Japan, ungandikumbutse colakwa canga cakale. Lekani ndikuuzeni.

Pa 25 July 2021, pa masewera a Olympics a ku Tokyo, akazi 67 ananyamuka ulendo wa makilomita 137. Anthu ambiri anali kuyembekezera kuti mendulo ya golide ipita ku Netherlands, pakuti dzikolo linatumiza akatswiri anai, pakati pao Annemiek van Vleuten ndi Marianne Vos. Dziko la Austria linatumiza mmodzi cabe, Anna Kiesenhofer, wa zaka 30, katswiri wa masamu amene anali kugwira nchito pa yunivesite ku Lausanne. Analibe timu yomlipira, ndipo pamseupo analibe mnzace womthandiza.

Kuti mumvetse bwino, dziwani ici: mdani wamkulu wa wochova njinga ndi mphepo. Amene ali pakati pa gulu amabisala kumbuyo kwa anzace, motero amasunga mphamvu. Ndiye cifukwa cace amene athawira kutsogolo kawirikawiri amalema nagwidwa. Gulu limangowaleka, podziwa kuti lidzawapeza.

Anna anathawa mpikisano utangoyamba, pamodzi ndi ena anai. Awiri mwa iwo anali a kuno ku Africa, Carla Oberholzer wa ku South Africa ndi Vera Looser wa ku Namibia, koma analema natsalira. Kutatsala makilomita pafupifupi 40, pokwera citunda, Anna anasiya awiri enawo napitirira yekha.

Pa Olympics ochova sanaloledwe kuvala tiwailesi tolankhulirana ndi aphunzitsi ao. Tsono gulu litagwira awiri aja, pafupi ndi mapeto, Van Vleuten anayesa kuti othawa onse atha. Anachova mwamphamvu, nasiya gulu, nafika pamzere atakweza manja mokondwa. Koma Anna anali atafika kale mphindi imodzi ndi masekondi 15 m'mbuyomo, nagwa pansi ali wefuwefu. Akatswiri analuza golide cifukwa ca masamu amene mwana wa Grade 1 angawakhoze: anathawa asanu, abwezedwa anai, watsala mmodzi.

Nditamva nkhaniyi sindinawaseke. Ndili ndi zaka 17 ndinatsogolera kwaya yathu, anthu 14, panjinga kupita kumudzi wina. Pobwerera dzuwa linali litapendeka, ndipo tinali kuimba njira yonse. Nditafika pakhomo amai anandifunsa kuti, "Nanga mng'ono wako ali kuti?" Mtima unangoti myu! Tayala la njinga yace linaphulika padambo. Iye anaitana, koma nyimbo zathu zinaphimba mau ace. Ine ndinayesa kuti ali ndi anzace kumbuyo, a kumbuyo anayesa kuti ali ndi ine kutsogolo. Atate anampeza kutada, ali kukankha njinga, misozi ili m'masaya.

Atate sanandikalipire. Anangondifunsa kuti, "Munanyamuka angati, mwafika angati?" Ndinasowa coyankha. Kufikira lero mng'ono wangayo amandikumbutsa za tsikulo moseka, koma ine kuseka kumandivuta.

Akulu amati kali kokha nkanyama, tili tiwiri ntianthu. Nzoona, gulu limatiteteza ku mphepo. Koma m'gulu muli msampha: aliyense amaganiza kuti wina wawerenga, ndipo pomaliza palibe amene wawerenga. Gulu palokha lilibe maso. Maso ace ndi anuwo.

Van Vleuten sanataye mtima. Patapita masiku atatu, pa 28 July, anatenga golide pa mpikisano wina, umene aliyense amachova yekha molimbana ndi nthawi. Iye anapeza mwai waciwiri. Koma munthu amene tamsiya padambo sitimampeza nthawi zonse.

Tsono mukakumana sabata ino, musanayambe nyimbo yoyamba, werengani. Ndani sanaoneke kwa masabata atatu? Ndani wasiya sukulu mwakacetecete? Mtsikana uja amene anali kukhala pabenchi yakumbuyo anapita kuti? Musanene kuti acheyamani akudziwa, pakuti mwina iwonso akuyesa kuti inu ndinu mukudziwa. Tengani njinga, mukamuone.