Mchere wa ku Nayuchi

Nayuchi ndi kamalo koti munthu wodutsa sangakaganizire kawiri. Ndi kasiteshoni ka sitima m'boma la Machinga, pamalire a dziko lino ndi Mozambique, pomwe pali timagolosale tingapo, ofesi ya anthu olowa ndi otuluka, mchenga ndi udzudzu. Koma ine amene ndinakulira m'chigwa cha Domasi, kunsi kwa phiri la Malosa, ndikamatchula malo amene anandilera sindisiya Nayuchi.

Mayi anga anali a geni. Ankapikula mpunga kusikimu ya Domasi ndi matemba a m'nyanja ya Chilwa, n'kukwera matola mpaka pa Liwonde. Apo ankagona pakhonde la siteshoni kudikira sitima yochokera ku Balaka. Pakapita masiku atatu ankatulukira atasenza mchere, nyemba ndi zitenje zimene anzathu a kutsidyako amati kapulana. Zonsezi zinkathera pamsika wa Songani.

Njanji imene ankayendayo inatsegulidwa m'chaka cha 1970 pofuna kulumikiza Malawi ndi doko la Nacala. Imadutsa pakamtunda ka mchenga kamene kamalekanitsa nyanja ya Chilwa ndi ya Chiuta, n'chifukwa chake Apwitikizi anatcha siteshoni ya mbali yawo kuti Entre Lagos, kutanthauza pakati pa nyanja. Nkhondo ya Frelimo ndi Renamo inatseka njira ya ku Nacala m'chaka cha 1984, ndipo anthu anayamba kuoloka momasuka pokhapokha mbali ziwirizo zitasainirana mtendere ku Rome mu Okutobala 1992. Mayi analowa geniyi nthawi imeneyo. Malire sanali kuwaopsa chifukwa mlongo wawo anakwatira ku Mecanhelas, tsidya lomwelo. Ankakonda kunena kuti mzere umene Angelezi ndi Apwitikizi analemba mu 1891 unadutsa pakati pa abale popanda kuodira.

Ndili ku sekondale, anzanga ambiri anali ana a aphunzitsi a pakoleji ya Domasi ndi a mabwana a m'maofesi a ku Zomba. Mmodzi atamva za ntchito ya mayi, anandiseka kuti ndine mwana wa munthu wozembetsa katundu. Mawuwo anandilowa ngati minga. Tsiku lina mayi anafika pasukulu kuchokera kusitima, asanasambe, fizi yanga ataimanga pamfundo ya chitenje. Fungo la matemba linawatsogolera. Mnzanga wina atandifunsa kuti anali yani, ndinayankha kuti anali mayi wina wa m'mudzi mwathu. Sindinadziwe kuti anamva.

Sanandikalipire. Anamasula mfundo ija, n'kundiwerengera ndalama m'manja, kenaka anati, “Mwanangu, fungo ukulithawali ndi lomwe lakuveka nsapatozo. Tsala bwino.” Anatembenuka n'kumapita, ine nditangoti kakasi.

Amene anamaliza kundilanga ndi njala ya 2002. Chimanga cha m'nkhokwe za boma chinali chitagulitsidwa, mvula inali itaononga mbewu, ndipo pofika mu Febuluwale boma linalengeza kuti dziko lili pa ngozi. Kwathu anthu ankadya gaga ndi zikhawo za nthochi, ena ankapita kumadambo a Chilwa kukazula nyika. Mayi anatenga wailesi ya malemu bambo ndi zitenje zawo ziwiri zopitira kutchalitchi, ulendo wa ku Nayuchi. Atatha sabata osabwera tinayamba kunong'onezana zoipa. Tsiku lachisanu ndi chinayi anatulukira ataonda, miyendo itatupa, koma ali ndi matumba atatu a chimanga amene amalume anawathandiza kusaka m'midzi ya ku Mecanhelas n'kuwakankha panjinga mpaka pasiteshoni.

Thumba limodzi anasungira ife. Awiri otsalawo anagulitsa pambale, ndipo anakana kukweza mtengo monga ankachitira mavenda ena. Pamzere wa ogula pakhomo pathu ndinaona anthu ovala bwino, a ndalama m'thumba koma osowa kogula. Mmodzi mwa iwo anali mayi wake wa mnzanga wondiseka uja. Usiku umenewo ndinagwada pafupi ndi mafuwa n'kupepesa. Iwo anangoseka, amvekere, “Dzuka apo, unditengere chipande.”

Mayi anatisiya m'chaka cha 2018, chaka chimene nyanja ya Chilwa inaphwa. Chaka chotsatira ndinapita ku Nayuchi kwa nthawi yoyamba, kuti ndikaone malo amene ndinawakana. Njanji ndinaipeza ili yamakono. Kampani ya Vale ya ku Brazil inali itamanga njanji yatsopano yochokera kumigodi ya Moatize kudzera ku Neno mpaka pa Nkaya, n'kukonzanso yakaleyo. Ndili chiimire, sitima ya malasha ya mabogi oposa 100 inadutsa kulowera ku Nacala, nthaka ikunjenjemera. Itangodutsa, fumbi lisanakhazikike, amayi asanu a mabeseni pamutu anadumpha njanji n'kulowera ku Entre Lagos, akucheza m'Chilomwe chosakaniza ndi Chichewa, ndalama za kwacha ndi meticais zili pamfundo imodzi.

Malasha aja amalembedwa m'mabuku a mayiko awiri, ndipo nduna zimadula maliboni chifukwa cha iwo. Mabeseni aja sawerengedwa. Komabe m'bogi ya malasha simunatulukepo nsima ya mwana wa ku Domasi. Sindikunena kuti msonkho ndi woipa, boma liyenera kutolera zake. Ndikungoti amene amakonza malamulo a pamalire azikumbukira kuti mayi wa beseni limodzi sangayezedwe ndi muyeso wa mwini thiraki, ndipo kuti chaka cha njala ndi iye amene amafika msanga kusiyana ndi chimanga cha chithandizo.

Akuluakulu anati mako ndi mako, usamuone kuchepa mwendo. Ine ndinamva mwambiwu mochedwa. Pobwerera ndinagula kapaketi ka mchere pa Nayuchi, ndipo mpaka lero sindinakatsegule.