Chiganizo Chopanda Mwini

Ntchito yanga ndi yosanthula ziganizo, choncho malipoti a akatswiri ofufuza umboni m'makompyuta ndimawawerenga ndi diso la galamala. Mapulogalamu monga Autopsy amasonkhanitsa mauthenga, zithunzi ndi nthawi zake, n'kutulutsa lipoti m'kanthawi kochepa. Liwiro limeneli sindidana nalo. Chondidetsa nkhawa ndi chiganizo chosalala chomwe palibe munthu anachilemba.

M'chaka cha 2011, pa mlandu wakupha wa Casey Anthony ku Florida, khothi linauzidwa kuti tsamba lina la pa intaneti lonena za mankhwala a chloroform linatsegulidwa ka 84. Nambalayo inachokera ku pulogalamu ya CacheBack. Amene anaipanga ataunikanso, anapeza kuti linatsegulidwa kamodzi kokha. Apo n'kuti khothi litamva kale nambala ija, yopanda "mwina" m'mbali mwake.