Ndinaphetsa webusaiti ya eni chifukwa cha mafilimu aulere

Mu 2011 kutsitsa filimu pa RapidShare kapena Megaupload kunkafuna kulimba mtima. Ife osalipira ankayamba atidikiritsa, ndipo netiweki ikaduka kapena magetsi akathima, tinkayambiranso poyambirira. Mnzanga wina anandionetsa Rapidleech, kapulogalamu ka PHP koika pa seva. Umangomata linki, seva yakunja n'kukoka fayilo yonse m'kanthawi kochepa, iwe n'kumaitsitsa mwakachetechete, ikaduka n'kupitiriza pomwe unalekezera.

Seva yangayanga ndinalibe. Koma ndinkasamalira webusaiti ya loji ina ya kunyanja, ndipo pasiwedi ya cPanel, poyendetsera akaunti yawo ya pa seva, inali m'manja mwanga. Ndinabisa kapulogalamuko m'foda ina osawauza eni ake. Foda yolandira mafayilo ndinaiika pa 777, kuti chilichonse chizitha kulembamo. Zotseka tsambalo ndi pasiwedi ndinati ndiona mawa.

Kunali anthu amene ankakhalira kusakasaka pa Google masamba a Rapidleech osatseka. Usiku wina ndinatsegula foda ija n'kupeza yadzaza ndi katundu wosakhala wanga: magemu, mafilimu a zinenero zachilendo, ena a maina osatchulika pamaso pa apongozi. Ndinayang'ana mndandandawo kwa nthawi ndithu. Ndinadziwa kuti alendo alowa, ndinadziwanso chofunika kuchita. Koma katswirine ndinasankhamo mafilimu ooneka bwino n'kuyamba kutsitsa.

Mu Disembala, nyengo imene loji imadalira, kampani ya seva inatseka akaunti yonse. Inali italandira madandaulo a eni mafilimu. Webusaiti inazima, maimelo a ofuna zipinda ankangobwerera. Eni loji ataimba, ndinati, "Bwana, ndi netiweki chabe, ibwera." Sindinadziwe kuti kalata ya kampaniyo yotchula dzina la foda yangayo inali itawafika kale.

Ndinali ndisanasungepo kope la webusaitiyo kwina kulikonse. Zithunzi, mitengo ya zipinda ndi makalata a alendo zinapita. Zipinda zina zinagona zopanda anthu pa Khirisimasi, ndipo aganyu amene ankaitanidwa nyengo imeneyi anauzidwa kuti asabwere. Bambowo sanandikalipire. Anangoti ndibweze ndalama zawo, ndipo anzawo a maloji amene ankafuna kundipatsa ntchito anasiya kuyankha foni.

Boma la America litatseka Megaupload mu Januwale 2012, anzanga ankalira mafilimu awo. Ine n'kuti ndikutsatsa laputopu yanga kuti ndimalize ngongoleyo.