Chilembo chomaliza pa nambala ya fupa

Amayi akafunsidwa kumpingo kuti mwana wawo amagwira ntchito yanji ku America, amayankha kuti ali kuchipatala, ndipo anthu amaganiza kuti ndine namwino. Koma ine wodwala sindimukhudza, nkhope yake sindiiona. Ndimakhala pa kompyuta m'kachipinda kanga ku Minneapolis, n'kumawerenga zimene madokotala a mafupa alemba ndi kuzisandutsa manambala. Kuno a inshuwalansi satulutsa ndalama chifukwa choti munthu wavulala. Amatulutsa chifukwa choti kuvulalako kwalembedwa ndi nambala yoyenera, motsatira buku la ICD-10-CM limene dziko lino linayamba kugwiritsa ntchito pa 1 Okutobala 2015.

Fupa la msongolo likathyoka kumtunda, pamene limakumana ndi bondo, nambala yake imayamba ndi S82.1. Kuchokera pamenepo manambala owonjezera amayankha mafunso angapo. Kodi lasweka mbali yakunja, yam'kati, kapena zonse ziwiri? Zidutswa zasuntha kapena zili m'malo? Mwendo uti? S82.141 ndi mutu wa fupa wosweka mbali zonse, zidutswa zitasuntha, mwendo wakumanja. Ukakhala wakumanzere ndi S82.142.

Kumapeto kumabwera chilembo chimodzi, ndipo nkhani yonse yagona pa icho. A ndi fupa lothyoka khungu lili bwinobwino. B ndi C ndi fupa lothyoka pali bala lofika pafupapo, fumbi ndi tizilombo zili ndi polowera. Chosiyanitsa B ndi C ndi magulu amene anakonza Ramon Gustilo, dokotala wobadwira ku Philippines yemwe ankagwira ntchito mumzinda uno. Mu 1976, iye ndi John Anderson anafalitsa zimene anapeza pa mafupa 1,025 othyoka motere. Bala loyera losafika sentimita imodzi ndi gulu loyamba. Lokulirapo, mnofu usanawonongeke kwambiri, ndi gulu lachiwiri. Onsewa amalandira B. Gulu lachitatu, limene linagawidwanso patatu mu 1984, ndi la mnofu wonyenyeka, fupa losowa chokutira, kapena mtsempha waukulu wa magazi woduka. Limeneli ndi C, ndipo ndikaliona ndimadziwa kuti madokotala akulimbana kuti mwendo usadulidwe.

Lamulo lake ndi louma. Dokotala akapanda kulemba kuti panali bala, ife timalemba ngati panalibe, ngakhale nkhani yonse ikununkha magazi. Sitiloledwa kuganizira. Timamutumizira funso, n'kudikira. Kenako pali manambala ena a CPT a ntchito imene yagwiridwa: 27536 ya opaleshoni yolumikiza mbali zonse ziwiri za mutu wa fupa, 11012 yotsuka bala ndi kuchotsa zowonongeka mpaka pafupa. Zikasemphana, pepala limabwerera, ndipo nthawi zina ngongole imakafika pakhomo pa munthu amene akuyendabe ndi ndodo.

Zilembo zimene zimanditengera kwathu ndi za m'munsi, za odwala obwereranso. E ndi F, fupa likupola bwino. H ndi J, likuchedwa. M ndi N, lakana kulumikizana. Q ndi R, lalumikizana mokhota. Anzanga kuno amaziona ngati zilembo chabe. Ine ndimaona anthu. Ndimaona malume anga, amene anagwa pa njinga yamoto ya kabaza akuchokera kumsika nyengo ya mvula. Anafika kuchipatala tsiku litapita, bala litadzaza matope. Anawatsuka, anawaika chikhakha, ndipo mwendo unapola, koma unapola mopindika. Lero akamapita kudimba mumawazindikira ali patali. M'buku lawo la kuchipatala, lija amalisunga m'jumbo pansi pa matiresi, nkhani yonseyi inakwana mizere itatu ya bolopeni.

Sindinyoza amene analemba mizereyo. Kwathu mafupa ambiri othyoka amawasamalira ma orthopaedic clinical officer, amene maphunziro awo anayamba mu 1985 chifukwa madokotala a mafupa anali osowa. Amagwira ntchito m'zipatala za m'maboma ndi zipangizo zochepa, mzere wa odwala utafika panja. Chipatala cha mafupa cha LION chitatsegulidwa ku Lilongwe mu 2023 ndinasangalala ngati ndili pomwepo. Komabe ndikudziwa kuti munthu wa kumudzi akathyoka chonchi, chimene chimapulumutsa mwendo wake ndi kufika msanga, kulandira mankhwala opha tizilombo m'maola oyambirira, ndi kupeza woti atsuke bala mokwanira. Zonsezi zimafuna ndalama, ndipo ndalama zimapita kumene kwawerengedwa. Mwendo wa malume sunawerengedwe paliponse. Manambala ondilemetsa mutuwa, kuuma kwake konse, amachititsa kuti fupa lililonse lidziwike mmene linathyokera ndi mmene linathera.

Koma pali zimene ndimazisaka m'mafailo a kuno osazipeza. Malume atagonekedwa, azakhali anagona pansi pa simenti m'mbali mwa bedi. Kunja, kumalo kwa odikirira odwala, utsi wa mafuwa unkayamba kusanache. Amayi osadziwana ankabwerekana mchere ndi mthiko, wina akapita kukatunga madzi mnzake amamuyang'anira mphika. Nthawi yoona odwala ikakwana, wodi inkadzaza mabasiketi, mafulasiki a tiyi ndi amvano oimba. Aliyense wolowa ankayamba ndi bedi loyandikana nalo: "Mwadzuka bwanji, bambo? Pepanitu, mulimbe mtima." Malume ankadandaula kuti anthu akuwatopetsa, uku akumwetulira.

Buku la kuno lili ndi nambala ya zimenezi, koma ndi ya kusowa kwake. Z60.2 ndi mavuto obwera chifukwa chokhala wekha. Z74.2 ndi munthu wofunika chithandizo kunyumba koma palibe wapakhomo woti am'samale. Ndimazilemba pansi pa S82 dokotala akazitchula, ndipo sindizilemba mopepuka. M'nyengo yozizira misewu ya kuno imaundana, ndipo kugwa pa ayezi kuli ndi nambala yakenso, W00.0. Ndikamatsika masitepe a nyumba yathu ndimagwiritsa chitsulo cha m'mbali. Nditati ndaterereka, ambulansi ingafike m'mphindi zochepa, opaleshoni ingachitike tsiku lomwelo, ndipo mwendo ungawongoke. Phala la m'mawa ndiye sindikudziwa angandiphikire ndani. Walira mvula walira matope. Ndinafuna ndekha kubwera kuno.

Achimwene akandiimbira kuti mwana wa uje wagwa pa kabaza, sindifunsanso ngati kale. Ndimayamba ndi mafunso a ntchito yanga: "Pali bala? Lalikulu bwanji? Zala zakuphazi akuzimva, zikutentha?" Akati bala lilipo, ndimawauza kuti asadikire kuche, asapite kaye kwa wa zitsamba, apeze galimoto usiku womwewo, ndalama ya mafuta ndikutumiza. Ndiye chokhacho chimene manambalawa andiphunzitsa chimene ndingatumize kwathu. Zinazo, kugona pansi pafupi ndi bedi, kupukuta wodwala, kuphika pa mafuwa, amazichita okha, ndipo ine ndimangozimva pafoni, ndili ndi nsanje ndi munthu wothyoka mwendo.